Penti ya a Titus Bulashi Simva Laimu

Kuno ku Mchinji munthu akakuyang'anitsitsa pamsika, akuluakulu amakugwira phewa n'kunena kuti, "Bisa nkhope, a Bulashi adzuka." Ana a masiku ano amangoseka osadziwa kuti zinachokera pati. Ine ndikudziwa, chifukwa ndinakhala nawo khomo ndi khomo zaka zambiri, iwo akununkha penti, ine ndikumeta anthu. Ndine Vitus, wometa uja wa pafupi ndi pokwerera maminibasi a ku boda. A Titus Bulashi anali mmisiri wolemba zikwangwani, ndipo anali ndi chilema chimodzi chomwe chinawatchukitsa kuchokera ku Kapondo mpaka ku Chipata: sankatha kujambula nkhope yongoganizira. Nkhope iliyonse imene ankaika pakhoma inali ya munthu weniweni, woti mwina mwalimbirana naye tomato m'mawa womwewo. Ndipo penti yawo ikagwira khoma, basi, yagwira.

Dzina la Bulashi silinali la makolo, tinawapatsa ndife. Kwawo kunali ku Guilleme. Anathawa sukulu ali mnyamata n'kulowera ku Lilongwe nthawi ya chipani chimodzi, ndipo ife tinawaiwala. Kenako mu 1994, chaka cha chisankho cha matipate, anatsika pa thiraki ya feteleza atanyamula zitini, tsitsi litapotana mpaka m'mapewa ngati zingwe zomangira fodya. Kumbukirani kuti dzulodzulo lake tsitsi lotere linkamugwiritsa munthu ndi apolisi. Anthu anaima kuonerera. Ine mtima unadumpha ndi chimwemwe, poona ntchito ya tsiku lonse ikubwera yokha ndi miyendo.

"Takulandirani, achimwene. Khalani pampandopa tikutuleni katunduyu."

"Amwene, ili si tsitsi wamba. Uwu ndi ufulu. Ku tauni tinauvutikira."

"Ufulu wake wansabwe?"

"Nsabwe nazo zinavota."

Kuyambira tsiku limenelo ine ndi tsitsi lija tinali pa chidani. Ndinkalilota. Ndikamanola lumo, maso anga ankapita okha kumutu kwawo.

Nkhani zawo zinali za ku tauni basi. Ankati kuseri kwa msika waukulu wa Lilongwe, m'mphepete mwa mtsinje, kunali kagulu ka anyamata ojambula, osema ziboliboli ndi oimba magitala, amene referendamu itangotha anayamba kupenta makoma dzuwa likuswa mtengo, popanda wowafunsa khadi la chipani. Kumeneko, ankatero, atsikana ankayenda atavala mathalauzi, munthu n'kumajambula chilichonse chimene chamubwerera, ngakhale bwana wake ali ndi makutu a bulu. Kuno ku Mchinji ankati angobwera kudzatsanzika abale, Lachisanu abwerera. Lachisanu limenelo tinalidikira zaka zoposa khumi. Chikwama chinkakhala chomangiratu kuseri kwa chitseko. Kukhala pansi sankakudziwa: chimanga chootcha ankadya akuyenda, tiyi ankamwa ataima, ndipo thiraki ikaliza hutala khosi lawo linkatembenuka lokha. Kangapo konse anakweradi, ife n'kuwabayibitsa. Madzulo ake tinkawaona akubwera wapansi, ati anatsikira pa Kamwendo chifukwa anaona khoma loyera likungowonongeka.

Woyamba kulumidwa ndinali ine. Ndinawapempha kuti andijambulire mitu yoonetsa kametedwe kosiyanasiyana, monga amachitira ometa a ku tauni. Bolodi itabwera, ndinapeza kuti mitu yonse ndi ya makasitomala anga. Pa panki panali kondakitala wa minibasi. Pa mpala panali katekisiti. Ndipo pa tebulo kati, tsitsi lambirimbiri lophwatalala pamwamba, panali a Jonasi, ahedi a sukulu ina ya pulayimale, munthu wadazi lowala ngati mbale yatsopano.

A Jonasi anabwera akupuma mwa ng'ombe, ambulera ili m'manja.

"Wachita zimenezi ndani? Ine ndi munthu wa boma!"

Anaima patsogolo pa bolodi ija. Anayang'ana, n'kubwerera m'mbuyo pang'ono, n'kupendeketsa mutu. Ambulera inatsika.

"Komatu tsitsili likundikhala," anatero chapansipansi.

Mawa lake anabwera ndi akazi awo kudzawaonetsa.

Pa butchala anajambula mbuzi, koma msika wonse unagwirizana kuti mbuziyo ndi wokhometsa msonkho wa pamsika, mpaka kandevu komwe. Pa telala anaika mkwati ndi mkwatibwi, koma mkwatiyo anali mwamuna wa mwini ndipo mkwatibwi anali wogulitsa mandasi, moti nkhani inakathera kwa ankhoswe. Tikawafunsa chifukwa chake sangangopeka nkhope ngati anzawo, ankakwiya.

"M'mutu mwanga mulibe anthu, muli misewu yokhayokha. Ine ndimajambula amene ndikumuona. Simukufuna, yendani chozondoka."

Chimene chinkapweteka anthu kwambiri chinali penti ija. Sankagula ya m'sitolo. Madalaivala a mathiraki akamadikira mapepala pa boda ankawasiyira zotsala za penti ya magalimoto, iwo n'kusakaniza ndi zinthu zawo zimene sanauzepo munthu. Ena ankati amathiramo mafuta a mabuleki, ena ankati utomoni wa mtengo wina wa ku Mlonyeni. Fungo lake linkathamangitsa ntchentche msewu wonse. Amene anaidziwa bwino penti imeneyi ndi a Greyson.

A Greyson anali mkulu wa mpingo komanso mwini wake wa mdadada wonse wa mashopu a kumunsi kwa msika. Munthu wa taye ngakhale mu Okutobala. Mwini bawa ina ya kutsidya kwa msewu anapempha a Titus kuti amujambulire munthu waludzu. Patatha masiku angapo, pakhoma la bawa panaima a Greyson, taye ili pakhosi, botolo lili kukamwa, maso atatsinzina ndi kukoma.

"Iwe Titus! Unandiona liti ine ndikumwa mowa?"

"Sindinakuoneni, bambo. Ndinangokuonani Loweruka masana mukudutsa pakhomo pa bawa, n'kumeza malovu. Ine ndangomalizitsa nkhaniyo."

A Greyson anagula laimu, n'kutuma anyamata kupaka khoma lonse mpaka linayera mbee. Anayenda chilimwe chonse mutu uli m'mwamba. Koma mvula yoyamba itagwa, laimu anayamba kusungunuka, ndipo choyamba kutuluka anali maso otsinzina aja. Chaka chotsatira anapaka laimu wochindikala, ndipo zinachitikanso chimodzimodzi. Mpaka tinazolowera kuti mvula ikayamba alimi amadzala chimanga, ngumbi zimatuluka, a Greyson nawo amatuluka pakhoma ndi botolo lawo. Amayi ena a ku Kapondo ankatumiza ana kudzaona ngati a Greyson atuluka, asanataye mbewu yawo pachabe.

Tsopano ndikuuzeni za khoma la a Imelda, chifukwa nkhani yeniyeni ili pamenepo.

A Imelda ndi amene anayamba kuvala thalauzi pa boma pano, anthu akuwakuwiza, iwo osatembenuka n'komwe. Ankaoda zitenje ku Chipata, kenako anatsegula kamalo kodyera mu mdadada wa a Greyson, shopu ya kumapeto yokhala ndi khoma lalikulu loyang'ana kumsewu. Amuna awo, a Maliko, anali dalaivala wa thiraki ya ku Lusaka, munthu wa phwete, wa mpata kumano, wolankhula Chinyanja cha mbali zonse ziwiri za boda. A Titus anawajambula pakhoma limenelo ali m'thiraki yawo, chigongono chili pawindo, akuseka. Anawaimika padzuwa pafupifupi sabata yathunthu.

"Iwe Titus, manje mphuno iyi ni yanga olo ni ya thiraki?"

"Ndi yanu, a Maliko," anayankha a Imelda ali kukhitchini. "Ine ndimagona nayo pafupi, ndimaidziwa."

Zaka zimene zinatsatira inu mukuzidziwa. Matenda aja anadutsa mumsewu uno ngati moto wa mu Seputembala, ndipo anayambira kwa anthu a pamsewu omwewo. A Maliko anamwalira mu 1998, mwana wawo Shalom akukwawa. Chithunzi chawo chokha chinali cha m'pasipoti, chaching'ono ngati chikhadabo, chidindo chitadya theka la nkhope. Choncho a Maliko enieni anatsala pakhoma paja. M'mawa uliwonse a Imelda akamasesa pakhomo ankawapatsa moni, kenako n'kuyamba kuwakalipira monga ankachitira ali moyo.

"Mwadzuka bwanji, bambo a Shalom? Inu ndiye muli pabwino, kungokhala m'galimoto n'kumaseka, ine ndikulimbana ndi makala onyowa."

Shalom anaphunzira kunena kuti "adadi" akuloza khoma. Ndipo sanali a Maliko okha. Kondakitala wa panki uja anapita. Mkwatibwi wa mandasi anapita. Tinangozindikira kuti makoma athu adzaza ndi anthu amene kumanda tinawaperekeza kale. Mkwiyo wa anthu unatha wokha. Omwe aja ankabisa nkhope anayamba kudutsa pang'onopang'ono pamaso pa a Titus, atapesa bwinobwino, n'kumatsokomola kuti awaone.

Kenako kunabwera mafoni a m'manja. Cha m'ma 2005 kampani ina ya mafoni, dzina sinditchula, inatumiza anyamata ovala maovololo ndi migolo ya penti. Ankapenta shopu iliyonse ulere, bola ikhale ya mtundu wawo umodzi wolasa m'maso, ndi dzina lawo pamwamba. Mawu akuti ulere kuno amathamanga kuposa minibasi. Anayambira ku Kamwendo, shopu ndi shopu, akubwera chakuno. Woyamba kuvomera pa boma anali a Greyson, ndipo anapita okha kukanyengerera mwini bawa uja kuti nayenso avomere.

A Imelda anawagwadira, munthu amene sindinamuonepo akugwadira aliyense.

"Bambo, pentani kutsogolo, pentani chitseko, pentani ngakhale mapoto anga. Koma khoma ili lokha lisiyeni."

"Khomalo ndi langa, mayi. Kampani ikufuna mbali yoyang'ana kumsewu. Zithunzi za Titus zatikwana."

A Titus atamva, anazungulira msika wonse ngati nkhuku yofuna poikira dzira. Analowa kwanga, anatuluka, analowanso. Kenako anatenga chikwama chija kuseri kwa chitseko.

"Amwene, ndikupita ku tauni. Ndikatenga anyamata anga a kumtsinje, tikaima pakhomo pa kampaniyo ndi magitala mpaka abwana atuluke. Sakutidziwa ife."

Palibe anawabayibitsa, poti tinkadziwa kuti madzulo abwera. Koma ulendo umenewu Kamwendo anamudutsa.

Anabwerako patatha sabata ndi masiku, akuyenda ngati munthu wosenza thumba la chimanga. Analowa mushopu mwanga n'kukhala pampando wometera. Aka kanali koyamba kuwaona atakhala pansi. Dzanja langa linatola lumo lokha, mwachizolowezi. Koma nditaona momwe anaweramira, maso ali pansi osayang'ana n'komwe pakalilole, ndinalibwezera patebulo.

"Anyamata anu ali kuti?"

"Kumtsinje kuja amagulitsako mafoni tsopano. Wa gitala anamwalira. Wosema uja ndi m'busa, anafuna kundipempherera tsitsi. Mmodzi ndinamupeza akuyendetsa makina osindikiza zikwangwani, nkhope zake za anthu a kunja oti palibe akuwadziwa. Tauni yonse yavala yunifolomu imodzi ngati ana a sukulu."

"Nanga kukampani?"

"Anandipatsa tisheti."

Sindinadziwe poyambira kuwauza kuti anyamata a maovololo anafika iwo ali ku tauni. Tinapita limodzi. Mdadada wonse unali mtundu umodzi, kuyambira kudenga mpaka pansi. Thiraki ija kunalibe, a Maliko kunalibe. A Imelda anali atakhala pakhonde, mapoto ozizira. Tsiku lopentalo analira maliro enieni, msika wonse unamva, akuti amuna awo awaika m'manda kachiwiri.

A Titus anayandikira khoma, analikanda ndi chikhadabo, ananunkhiza chalacho, kenako anaseka.

"Mayi a Shalom, musalire. Dikirani mvula."

"Mvula? Mwana wanga akundifunsa kuti adadi apita kuti, inu mukuti mvula? Nayi bolodi, ndagula kale. Ajambuleninso apa, ndikaike m'nyumba."

A Titus anayang'ana bolodi ija nthawi yaitali.

"Sindingathe, mayi."

"Munkacheza nawo tsiku ndi tsiku! Munawaimika padzuwa sabata yathunthu!"

"Ndikudziwa. Koma ine ndimajambula amene ndikumuona. Ndikayesa za m'mutu, atuluka munthu wina, ndipo Shalom akula akuitana mlendo kuti adadi."

A Imelda anawalanda bolodi ija n'kulowa m'nyumba. Sanawalankhulenso. Ine ndinawakwiyira a Titus tsiku limenelo, ndinawanena kuti ndi munthu wouma mutu, waluso lopanda chifundo. Koma anthu ankawaona m'bandakucha ataima kutsidya kwa msewu, akuyang'ana khoma lija, kenako kumwamba.

Mvulayo sanaione. Chifuwa chimene ankachinyozera zaka zonse, cha fungo la penti yawo yomwe, chinawagwetsa mu Okutobala, kunja kukutentha ngati m'ng'anjo ya njerwa. Tinakawaika kwawo ku Guilleme. Achibale anafunsa chithunzi choti aike pabokosi, ndipo tinayang'anana. Munthu amene anajambula theka la Mchinji analibe chithunzi ngakhale chimodzi. A Imelda anabwera, thalauzi lili mkati mwa chitenje, anaphikira anthu tsiku lonse osagwetsa msozi. Pobwerera anandiuza kuti, "Wandinamiza n'kuthawa, mnzanuyo."

Chaka chimenecho mvula inachedwa. A Imelda analibe munda, koma ankayang'ana mitambo kuposa mlimi aliyense wa ku Mlonyeni. Bingu likagunda ankatuluka ndi chipande m'manja. Mvula yoyamba inagwa, khoma linangowala ngati latsukidwa. Yachiwiri chimodzimodzi. Ngumbi zinatuluka, a Greyson sanatuluke, ndipo ankadutsa pamsika akuimba nyimbo za kwaya. Khirisimasi inadutsa. Ine ndinayamba kuuza makasitomala kuti penti ya kampani si laimu, mnzathu uja anangolankhula zotonthoza. A Imelda anasiya kusesa mbali ya kumsewu.

Kenako mu Januwale kunagwa mvumbi wa masiku ambiri, wosalekeza usana ndi usiku. M'mawa wina ndikutsegula shopu ndinamva Shalom akukuwa, atavala yunifolomu, chikwama chili kumsana.

"Amayi! Amayi! Chigongono!"

Tinathamanga tonse, ine ndi kasitomala wometedwa mbali imodzi. Penti ya kampani inali itatupa matuza n'kuyamba kusupuka ngati khungu la mbatata yootcha. Pakati pa chilembo chachikulu cha dzina la kampani panatuluka chigongono chakuda, chitatsamira pawindo. Penti ya kampaniyo inali itagwira khoma lonse bwinobwino, koma pamwamba pa penti ya a Titus inalephera kumata. Wina anafuna kusenda ndi mpeni, a Imelda anamumenya dzanja. Anati aleke, a Maliko abwera okha. Pofika masana mphuno inali panja. Mawa lake kunatuluka mano ndi mpata wake uja.

A Imelda anatuluka ndi tsache. Anaima patsogolo pa khoma, manja m'chiuno, msika wonse uli kumbuyo kwawo.

"Mwabwera tsopano? Nthawi yonseyi munali kuti, bambo a Shalom? Munthu kuchoka osatsanzika, mwana akukufunsani, ine ndikusowa chomuyankha, inu mukungoseka..."

Mawu anathera pamenepo. Anakhala pansi m'matope momwemo n'kulira, ndipo pakati pa kulirako dzina limene ankatchula silinali la a Maliko. Maliro a Titus anawalira tsiku limenelo. Inenso ndinalira, sindibisa, kasitomala wanga akundigwira mkono ndi mutu wake wosatha kumeta.

Kutsidya kwa msewu nako a Greyson anali atatuluka, taye, botolo ndi zonse. Mwini bawa anawafunsa ngati aitanenso anyamata a maovololo. A Greyson, amene tsopano ankayenda ndi ndodo, anadziyang'ana pakhomapo ali wamphamvu, tsitsi lakuda bii, masaya odzaza.

"Musiyeni munthuyo amwe," anatero. "Wavutika mokwanira."

Masiku ano zikwangwani zimabwera zosindikiza kuchokera ku Lilongwe, nkhope zake zosalala, za anthu oti sanapondepo Mchinji. Ungayende kuchokera ku boma mpaka ku boda popanda munthu wokuyang'anitsitsa, ndipo ine zimandisowetsa mtendere. Makampani amabwerabe kudzapenta, wina mtundu uwu, wina mtundu uwo, ife timangowasiya. Mvula ikakhazikika timayenda m'makoma kukaona amene abwera chaka chino, n'kumaitanizana kuti bwerani mudzaone, mkwatibwi wa mandasi uja wafika. A Imelda amasesa mbali ya kumsewu m'mawa uliwonse, akukalipa.

Ine ndimayang'ana khoma lililonse likamasupuka, mwina pangatuluke chingwe chimodzi cha tsitsi lija. Ndimadziwa kuti sichingatuluke. A Titus ankajambula amene akumuona, ndipo pakalilole wanga sanadziyang'anepo n'kamodzi komwe.